Dazi la a Ubaldo ndi Nyimbo ya Trueno Pardo

Gulu lawo loimba litatha, a Ubaldo Ferreyra anatsala ndi gitala yothetheka, mbaula yowotchera soseji kunja kwa bwalo la mpira ku Rosario, ndi zala zopindika ndi nyamakazi.

Ankati ndiwo ankaliza gitala mu Trueno Pardo, gulu lija nyimbo zake zaukali zimagwedezabe mabasi athu. Palibe ankakhulupirira. Pachithunzi cha kaseti, nkhope zonse zinayi zinabisika m'tsitsi lofika m'chiuno. A Ubaldo anali ndi dazi lonyezimira.

"Ngati inu munali a Trueno, ine ndine mfumukazi ya ku Spain," ankatero mayi Herminia, ogulitsa mbendera pambali pawo. "Tembenuzani soseji, ikupserera."

Kenako zinamveka kuti anyamata oimba nyimbo za gululo adzalikumbukira papaki pakatha miyezi isanu, Lamulungu masana. A Ubaldo anapita kwa mtsogoleri wa anyamatawo, Nahuel, kukapempha kuti adzalize nawo.

"Achikulire, a Ubaldo abodza atatu abwera kale chaka chino," anatero Nahuel, akuyang'ana zala zija. "Mudzaliza nyimbo imodzi. Mukalephera, dzina la gululi musadzalitchulenso."

Miyezi isanu! Ine sabata imodzi imanditalikira. Koma iwo m'mawa uliwonse ankaviika zala m'madzi ofunda, kuliza, kulakwitsa, kuyambiranso.

Tsikulo anthu anapinda manja, maso ali tong'o. A Ubaldo anapsompsona khosi la gitala, n'kumenya pansi katatu ndi chidendene. Mayi Herminia anagwetsa mbendera. Munthu wochita zimenezo anamuonapo kamodzi, iwo ali mtsikana, atathawa pawindo kukaonera Trueno: anali woliza gitala wa gululo.

Nyimbo inayamba bwino. Pofika pamene gitala imalira yokha, zala zinauma gwa.

Zii.

"Ubaldo wabodza wachinayi uyu," wina anatero, ena n'kuseka.

Kwathu kuno sitiimba mawu okha. Ngakhale kulira kwa gitala timakuimba ndi pakamwa, monga kumpira. Mayi Herminia anayambitsa. Ena khumi analandira, kenako paki yonse. Anainyamula nyimboyo mpaka zala zinamasuka, a Ubaldo n'kuilandira pomwe inafika, n'kuimaliza momwe kaseti imathera.

Lero Nahuel amaphunzira kwa iwo. Soseji ndi mbendera zikugulitsidwa pansi pa ambulera imodzi, ndipo mayi Herminia amafunsabe kuti tsitsi lija analisiya kuti.

Inu amene akukukayikirani, viikani zala, yambiraninso. M'gulu la okusekaniwo muli wina amene akuikumbukira nyimbo yanu. Osataya mtima musanamumve.