Dengu la Dowe

Dengu la amayi linali lansungwi, lakale, ndipo m'mphepete mwake munali waya wofiira amene atate anasokerapo litayamba kusasuka. Sankaikamo tomato kapena makala. Linkakhala pamwamba pa kabati chaka chonse, n'kutsika kamodzi kokha, chimanga chikakhwima kumunda wathu wa kumtsinje wa Kafue.

Mundawo atate anaupeza atangofika kuchokera kummawa kudzagwira ntchito kufakitale ya feteleza. Mdala wina wa mtundu wa Chisoli anawatengera padambo la dothi lakuda, naloza ndi ndodo kuchokera pachulu mpaka pamkuyu. "Limani, ni panu apa." Mawu ake anali omwewo basi. Kwathu kummawa, munthu amene anakulozera malo sudya chimanga chatsopano iye asanalawe. Choncho chaka ndi chaka amayi ankadzaza dengu lija ndi dowe n'kukatula kwa mdalayo, iye n'kuwomba m'manja.

Chaka chimene ndikunenachi mdalayo anali atamwalira, ndipo dziko linali litatembenuka. Makampani a boma ankagulitsidwa. Fungo loluma m'mphuno la kufakitale, limene tinakula nalo, linayamba kuzilala, ndipo tsiku lina atate anabwera kunyumba dzuwa lili paliwombo, majombo a kuntchito ali m'manja. Kuyambira pamenepo nshima yathu yonse inali m'munda uja.

Mvula yoyamba itagwa tinapeza timiyala ta simenti tokwiriridwa m'makona a munda, tili ndi chitsulo pakati. Ine ndinaona ngati timipando, ndipo ndinakhalapo. Amayi anandidzutsa ndi dzanja limodzi ngati ndakhalira njoka. Anali mabikoni, zizindikiro za malire a malo. Mwana wa mdala uja, amene ankakhala ku Lusaka ndipo sitinamuonepo ndi khasu, anali atatenga taitolo, chikalata cha umwini wa dambo lonse, ndipo ankafuna kuligulitsa kwa munthu wa makola a nkhuku.

Mlandu anautsogolera ndi amalume, kondakitala wa minibasi, munthu wodziwa zonse, ndi zomwe sankazidziwa zomwe. Ku khoti laling'ono la pa Boma anatiuza kuti malo a taitolo si nkhani yawo. Kwa majisitireti anati funso lakuti munda ndi wa yani likamveke ku khoti latsopano la za malo ku Lusaka, iwo amamva za eni malo ndi anthu awo a lendi. Ndimakumbukira benchi yotentha ya panja, fumbi la malole, ndi amayi akumanga ndi kumasula mfundo ya chitenje chawo. Palibe amene anatikalipira. Aliyense ankatilozera khomo lina mwaulemu, ndipo ulemu umenewo ndi umene umandiopsa mpaka lero.

Pobwerera amalume anafotokoza mokuwa, monga ankaitanira anthu pa siteshoni. "Ba sisi, mvelani. Ngati munda ni wanu, nkhani ni ya ku Lusaka, ndipo kulibe wamene angagwileko mpaka aweluze. Koma bakakamba kuti ndimwe ba lenti, ibwelela kuno, bakupatsani chabe notisi yochoka, basi kwasila." Amayi anaseka pang'ono. Lendi ankaidziwa: inali ya nyumba, ya mwezi ndi mwezi. Kumunda sanalipirepo kanthu kwa munthu aliyense.

Chimanga cha chaka chimenecho chinakula modabwitsa. Mapesi ankandipitirira kutali, masamba ake akuda bii, ndipo mphepo ikawomba kuchokera kumtsinje munda wonse unkanong'ona. Atate ankangopalira. Nthawi zina galimoto yoyera inkaima pamsewu wafumbi, osatsika munthu, kenako n'kuchoka.

Ndevu za chimanga zitauma, tsiku la mlandu ku Lusaka lisanafike, amayi anatsitsa dengu. Sanauze amalume, chifukwa kwa amayiwo imeneyi sinali nkhani ya khoti. Anati mwana wa munthu ndi mwana wa munthu, mwina mtima wa mwana wa mdala uja ungafewe akaona kuti sitinaiwale bambo ake. "Kupatsa n'kuika," anatero akusankha zitsononkho zazikuluzikulu. Ananditenga kuti ndiwaperekeze.

Mwana wa mdalayo tinam'peza pakhonde la nyumba ya malemu bambo ake. Analandira dengu ndi manja awiri, akumwetulira mpaka mano a m'kati. Anaitana oyandikana nawo kuti adzaone ulemu wa anthu a kummawa, ndipo atasonkhana anafunsa mokweza: "Ba mayo, so chaka chilichonse munali kubweletsa kuli ba tate?"

"Chaka chilichonse, osaphonya," anayankha amayi atagwada.

Mwana wa mdalayo anati dengulo atitumizira akakhuthula. Ine anandipatsa maswiti odzaza dzanja, ndipo ndinavina njira yonse. Chikomekome cha nkhuyu, m'kati muli nyerere.

Ku Lusaka sindinapite. Amalume ndiwo anasimba, ndipo aka kanali koyamba kuwamva akuyankhula motsitsa mawu. Dengu lathu mwana wa mdala uja analiika patebulo pamaso pa oweruza, ndi waya wake wofiira. Oyandikana aja anaima mmodzimmodzi kuchitira umboni. Amayi atafunsidwa ngati ankapereka gawo la zokolola chaka ndi chaka, anavomera, pakuti bodza sankalidziwa. Anayesa kufotokoza kuti chinali chithokozo, koma oweruza anati mwini munda sapereka zokolola kwa munthu wina, choncho umenewu ndi mlandu wa lendi, ubwerere ku Kafue. Ku Kafue sunatenge nthawi. Anatilola kukolola, ndipo mapesi asanagwe n'komwe, waya waminga unazungulira kuchokera pachulu mpaka pamkuyu.

Ndakula tsopano, ndipo mkwiyo wanga sunathe. Sindikwiyira amayi. Ndimakwiya kuti mwa zonse zimene anali nazo, chimene chinawalanditsa munda chinali ulemu wawo.

Koma masiku amenewo ndinkangoona kuti pamwamba pa kabati pali mbee, ndiponso kuti amayi akayang'anapo amapukuta maso ndi chitenje. Tsiku lina ndinawagwira dzanja n'kuwalonjeza kuti ndikakula ndidzawagulira dengu lina, lalikulu kuposa lija. Anandifunsa kuti tidzaikamo chiyani. Ine ndinayankha msanga, monyadira, kuti dowe.