Switchi yoiwala ndi kapepala ka ba injiniya

Inu a kampani ya ku Lusaka amene munandigulitsa switchi, ndikulankhula ndi inu. Dzina lanu ndalisunga kaye.

Sindine wolongolola. Ambuya amene anandilera amati ndinabadwa ndi maso okha. Masowo ndiye aona.

Ndili ndi kafe ya intaneti kuseri kwa msika wa Kafue, m'kachipinda kamene ambuya ankasungiramo nsomba za ku Chanyanya. Makompyuta onse amalumikizana kudzera m'kabokosi kamodzi, switchi. Kakagona, ntchito yaima.

Lolemba anabwera ba injiniya anu, tayi pakhosi, laputopu m'manja. Anati switchiyi ili ndi pulogalamu yakeyake yoiyendetsa, ngati zija za m'mabanki. Anailembera malamulo ambirimbiri, timagetsi take tonse tinayaka. Anamwa tiyi wa ambuya n'kukwera minibasi.

Madzulo magetsi anazima. Atayakanso, switchi inali itaiwala zonse.

Ndinaimba foni. Mtsikana wa mu ofesi yanu anafunsa mokoma ngati ndayesa kuizimitsa ndi kuiyatsanso. Mlongo wanga, si ndiwo matenda akewo?

Lachitatu ba injiniya anabweranso n'kulemba zonse kachiwiri. Ndinafunsa ngati palibe njira yoti isunge zimene yauzidwa. Anandiyang'ana mwachifundo.

"Ilipo komandi yake, bosi, koma ba siniya, bakulu bathu ku nchito, ndiye baiziba. Bali ku wekishopu."

Kenako anang'amba kapepala, analembapo OSAZIMYA, n'kumata pa switchi. Anati vuto latha.

Ambuya sadziwa kuwerenga, koma lamulo analimva. Sasesanso mbali imeneyo. Mwana akayandikira amamuthamangitsa. Ife tonse tamvera. Amene sanamvere ndi magetsi. Lachinayi masana anazimanso, osayang'ana n'komwe kapepala. Switchi inaiwalanso zonse.

Nthawi imeneyo ba Chanda, kasitomala wanga woyamba, anali pakati potumiza kalata yofunsira ntchito. Anatulutsa disiketi yawo, anati zikomo, n'kupita ku kafe ya pafupi ndi siteshoni. Anzawo a kwaya anatsatira. Mipando yatsala ndi ine ndi ambuya, ndipo ambuya ayamba kuyeza chipindacho ndi maso, kuti madengu a nsomba angalowe angati.

Ndiye ndifunse. Wekishopu imeneyi imatha chaka chanji? Komandi imodzi yokha ndi yolemera motani kuti isakwere minibasi?

Tumizani ba siniya sabata ino, nsomba zisanabwerere m'chipinda mwawo. Zikakanika, bwerani mudzatenge kapepala kanu, mukakamate kumene kumachokera magetsi. Mwina kumeneko kuli wodziwa kuwerenga.