Zingwe za Nsapato za Mayi Jeke

Inu amene mumachapitsa zovala kuseri kwa siteshoni ya basi mukuwadziwa mayi osita pafupi ndi zenera aja, ogwira simbi ngati dzira. Ndi Mayi Jeke amenewo. Ana a lero sadziwa, koma kale mayiwa ankanyamula lole ndi manja, dalaivala ali momwemo akupemphera. Dzinali anawapatsa ndi amakanika, podandaula kuti akuwalanda ntchito.

Mphamvu zawo zinali ndi lamulo limodzi: zinkabwera phazi likaponda pansi lopanda nsapato. Choncho pangozi iliyonse ankayamba avula kaye, mwachangu ngati alumidwa ndi linthumbu.

Amuna awo, munthu wolephera ngakhale kutsekula botolo, anapeza mphamvu zothawira kwa mayi wina wa saluni. Chitseko cha kunyumba kwa Mayi Jeke ndicho chinaona zakuda, mpaka chinasinthidwa kawiri.

Tsiku lina masana khoma la saluni ija linagwa. Mayi Jeke atafika anamva kulira pansi pa njerwa, mawuwo n'kuwazindikira. Anawerama n'kuyamba kumasula zingwe za nsapato, chimodzichimodzi, modekha ngati munthu wochokera kutchalitchi. Ali pa nsapato yachiwiri, mtanda wa denga unatsetsereka n'kuphwanya miyendo ya mayi uja. Apo m'pamene anaunyamula, anthu n'kuwomba m'manja.

Palibe anatolapo kanthu. Koma kuyambira tsikulo chakudya sichinkatsika, ndipo wina akawayamika ankayang'ana kumbali. Patatha mwezi anapita kuchipatala, n'kugwada pambali pa bedi la mayi uja.

"Achemwali, ndinachedwa dala."

Wa saluni anayankha: "Ndinkaona zala zanu pa kampata ka njerwa, mayi. Ndinkangodikira kuti mubwera liti."

Nkhani inawanda lisanalowe dzuwa, poti pa bedi loyandikana panagona mayi wina wodwala paliponse kupatula pakamwa. Zithunzi za Mayi Jeke zinatsitsidwa m'masitolo. Ngozi ikachitika, anthu anayambanso kuitana amakanika. Bambo aja nawo anathawanso, mwa chizolowezi.

Ena amati mphamvu zinatha, ena amati eni ake amangoziopa. Chimene timaona ife n'chakuti m'mawa uliwonse, asanayatse simbi, amakankha wa saluni pa njinga ya olumala kukwera chitunda cha kumsika, thukuta lili kamukamu.

"Vulani nsapatozo, mayi, tifike msanga," amatero wa saluni.

Iwo amangopukusa mutu, n'kumakankhabe.