Zala Zitatu za Elídio

Elídio wa ku Nsadzo sanafunsidwe ngati akufuna usilikali. Dzina lake linangoitanidwa, limodzi ndi la mnzake Nando. Atangophunzira kugwira mfuti, anawakweza galimoto kupita ku Cabo Delgado, kutali kunyanja ya mchere, kwa anthu osamva ngakhale moni wa Chichewa.

Kumeneko ankagona m'matope, nsapato zili zibowo zokhazokha, akudya chinangwa cha m'minda ya anthu othawa nkhondo. Tsiku lina zigawenga zinawabisalira panjira. Elídio anaduka zala zitatu. Nando anatsalira m'tchire momwemo, ndipo kwawo anaika thunthu la nthochi m'manda.

Atabwerako, Elídio anayamba kumata matayala a njinga zamoto pamsika wa Chifunde. Za nkhondo sankazikamba. Koma chaka chatha kunafika bwana wina wonenepa kudzalemba anyamata atsopano usilikali, ndipo anamuitanira Elídio kutsogolo kwa khamu.

"Nayi ngwazi yathu! Auzeni anzanuwa kukoma kwa kuteteza dziko."

Elídio anatukula dzanja lodukalo kuti aliyense alione.

"Kukoma kwake ndi kumeneku. Ife tinkalondera mpanda wa azungu okumba gasi, midzi ikupsa kumbuyo kwathu. Nanga inu shefi, mwana wanu ali kuti? Si ali ku sukulu ku Maputo? Bwanji okafa amachokera kuno kokha?"

"Khala pansi, iwe!" bwanayo anakalipa.

Pamenepo anaimirira mayi Estere, amake a Nando.

"Musiyeni anene! Ine ndinalira maliro a nthochi. Mwana wanga munamutaya kuti?"

Msonkhano unathera pomwepo, anthu akukuwa. Apolisi anamukoka Elídio n'kumutsekera, koma amayi a mpingo wa Zioni anakhala pansi pakhomo pa polisipo n'kumaimba mosalekeza, mpaka madzulo anamutulutsa, mlomo utatupa.

Atafika kunyumba anamva kuti mng'ono wake Ivo walembetsa yekha, osakakamizidwa.

"Akulu, kumunda kulibe kanthu. Ndizingokhala?"

Elídio anamuwomba khofi, kanthu kamene anali asanachitepo chibadwire. Ivo sanabweze, sanalirenso.

Tsiku lonyamuka litakwana, Elídio anamanga chikwama cha mng'ono wakeyo panjinga n'kumuperekeza kukakwera galimoto. Njira yonse ankatukwana mokweza, kutukwana mabwana, gasi ndi nkhondo yomwe, moti amayi a kumadimba ankaimika makasu n'kumamuyang'ana.