Pepa Uti, a Gwero?

Ana asukulu ndi amene anawapatsa bambo anga dzina loti a Gwero, ndipo linawakanirira mpaka anapuma nalo ntchito. Ankaphunzitsa mbiri yakale kusekondale. Mwana akangoyamba kuti, "Anthu amati," iwo ankatsitsa magalasi n'kufunsa, "Gwero lake?" Ngakhale kunyumba sitinkapuma. Ukanena kuti lero kugwa mvula, unkayenera kutchula amene wakuuza.

Mayi atatisiya, bambo anatsala okha m'nyumba ndi mabuku awo, ndipo tinkaopa kuti kusungulumwa kuwatha. Mchimwene wanga anawabweretsera laputopu yakale, yothothoka batani limodzi, n'kuwaonetsa insaikulopediya ya pa intaneti, ija imene aliyense amatha kulembamo. Iye ankaganiza kuti azingowerenga. Sabata isanathe anali atapeza kuti mmenemo muli anthu ongodzipereka amene ntchito yawo ndi kuunika nkhani zimene ena alemba n'kuzipatsa giredi. Kunali ngati kubwezera nsomba m'madzi.

Anasankha chigawo chimodzi chokha: zokambirana za mayiko nkhondo yaikulu itatha. Misonkhano, mapangano, kukonzanso malire, kubwezerana akaidi, zonse zimene anthu ovala masuti amachita mfuti zikakhala chete. M'mawa uliwonse ankameta ndevu, kuvala malaya a kolala, n'kukhala patebulo la pawindo ngati akupita kukalasi. Nkhani yongoyamba kumene, ya mizere yochepa, ankaitcha kachidutswa. Yokhala ndi mnofu koma yopanda umboni ankaitcha mbuzi yopanda chingwe. Giredi yapamwamba ankaiumira kwambiri, moti pa zaka zonsezi ndinawaona akuipereka mwa apo ndi apo, ndipo tsiku lotero ankathira shuga wowonjezera mu tiyi.

Ine ndimagwira ntchito m'sitolo ya mankhwala, ndipo ndikaweruka ndinkadzera kwawo. Ndinkawapeza akukangana ndi anthu amene sanawaonepo, aulemu koma osagonja.

"Tamvera izi," ankatero ndisanavule n'komwe nsapato. "Akuti mbali ziwirizo zinakumana. Zinakumana bwanji? Zinagundana pamsika? Anayamba kunyamuka ndani kupita kwa mnzake? Nkhani yonse yagona pamenepo, koma wolemba wadumpha."

Ndinkangoti, "Eya, Bambo," uku ndikuyang'ana mpendero wa buluku lawo, umene unali utamasuka kalekale ndipo ankaugwiriza ndi mapini. Mpendero umenewo unali ndi mbiri yakeyake.

Bambo ali ndi mng'ono wawo mmodzi yekha, telala. Ife timawatcha bambo aang'ono. Kuyambira ubwana wathu, chovala chilichonse cha bambo chinkadutsa pamakina awo. Ndiye kunabwera maliro a agogo, mayi wawo wa awiriwa. Banja linapempha bambo aang'ono kuti awerenge mbiri ya malemu, popeza ndi amene ankawadwazika. Munthu wosazolowera kuyankhula pagulu uja anaimirira, pepala lili m'manja. Atatchula chaka chimene agogo anabadwa, bambo anawakonza mokweza. Atatchula chaka cha ukwati wawo, anawakonzanso. Kenaka anadzuka, n'kutenga pepala lija m'manja mwa mng'ono wawo, n'kumaliza okha mbiriyo kuchokera m'mutu. Choipa kwambiri n'choti zaka zimene bambo ananena zinali zolondola.

Kuchokera tsiku limenelo sanakanganepo, ndipo mwina bwenzi zili bwino akanakangana. Akakumana paukwati ankapatsana moni wa anthu okwera basi imodzi. Uthenga uliwonse unkadzera mwa ine. Bambo aang'ono ankanditcha kazembe, n'kumati, "Kazembe, kauzeni boma lanu kuti denga la nyumba ya amayi likudontha." Koma bambo sanapitenso kwa telala wina aliyense. Ankati matelala a masiku ano sadziwa kusoka, gwero lake osatchula.

Chaka chathachi bambo aang'ono anagwa m'shopu mwawo, tepi yoyezera ili m'khosi. Dzanja lamanja ndi mwendo zinafooka, ndipo mawu ankatuluka mokoka. Adokotala anandiuza poyera kuti zikadzachitikanso, mwina sadzathanso kuyankhula. Ndinawauza bambo. Anafunsa dzina la mankhwala, anafunsa ngati akudya, n'kundipatsa bulangete kuti ndikapereke. Iwo osanyamuka. Ndinapsa mtima, ndipo sindibisa, chifukwa ndinkawakonda onse awiri ndipo ndinali nditatopa kunyamula mabulangete.

Loweruka lina masana ndinawapeza atakwinya nkhope palaputopu. Nkhani yake inali ya mayiko awiri oyandikana amene anayambiranso kuyankhulana patapita zaka nkhondo itatha, ndipo wina anapempha kuti ikwezedwe giredi.

"Siingakwere," anatero. "Wolemba akuti dziko linalo linapepesa. Ndafufuza chikalata chake. Silinapepese ayi, linangoti ndi lokhudzidwa ndi zimene zinachitika. Akazembe amatha miyezi akulimbana ndi mawu awiri amenewa. Kwina ukuti zachitikazi n'zomvetsa chisoni. Kwinaku ukuti ndinalakwa ndine."

"M'chinenero chathu zonsezo ndi pepani," ndinatero.

"N'chifukwa chake ife timathawiramo. Wakuponda phazi, pepani. Wamva kuti wadwala, pepani. Sudziwa kuti munthu akuvomera mlandu kapena akungodutsa."

Ndinakhala pampando wa mayi, umene palibe ankaukhalira.

"Bambo, nanga nkhani ya inu ndi bambo aang'ono, wina atailemba mmenemo, mungaipatse giredi yanji?"

Ndinkayembekezera kukalipiridwa. Anavula magalasi, n'kuwapukuta ndi m'munsi mwa malaya kwa nthawi yaitali.

"Kachidutswa," anatero motsitsa mawu. "Ili ndi chiyambi chokha."

"Ndiye anayamba kunyamuka ndani?"

Anatseka laputopu, zimene sankachita nkhani isanathe, n'kupita kuchipinda. Anatuluka atavala jekete imene bambo aang'ono anawasokera pa ukwati wanga, yothina kale m'mapewa. M'njira monse ankadandaula za madalaivala, za fumbi, za chikwangwani cha sitolo ina chimene chinali ndi chilembo cholakwika. Ine ndinangowasiya, ndinadziwa kuti ndi mantha.

Bambo aang'ono amakhala kuseri kwa shopu yawo. Tinadutsa pamakina atavundikiridwa ndi nsalu, choko cholembera nsalu chili pomwe anachisiya. Anali atakhala pabedi, atatsamira mapilo, bulangete lija lili m'miyendo. Ataona amene ali pambuyo panga, anandiyang'ana ine kaye.

"Kazembe, mwabwera ndi boma lonse?"

Bambo anaima pakhomo ngati mwana wochedwa kukalasi. Kenaka anati, "Pepa, mng'ono wanga."

Bambo aang'ono anatseka maso. Mawu awo ankatuluka pang'onopang'ono, koma ankamveka.

"Pepa uti, a Gwero? Ngati ndi wa matenda, ikani pamulu apo. Abwera naye ambiri, ngakhale amene sanabwere kudzatenga madiresi awo. Ndipo paja pepani sapoletsa chilonda."

Ndinayang'ana bambo. Munthu amene wakhala moyo wake wonse akuuza ena kuti anene chinthu ndi dzina lake anali atagwidwa ndi msampha wake womwe. Akanatha kuthawira m'mawu amodzi aja, ndipo palibe akanawatsutsa.

"Wa pepala lija," anatero. "Ndinakulanda pamaso pa anthu, amayi ali gone pakati pathu. Unawasambitsa ndiwe, unawadyetsa ndiwe, ine n'kubwera ndi zaka zanga. Ndinalakwa ndine."

Panja wina ankakankha wilibala yolira.

"Koma zaka zija ndinaphonyadi?" anafunsa bambo aang'ono.

"Unaphonya," bambo anayankha, chifukwa ngakhale pamenepo sakanatha kunama.

Bambo aang'ono anaseka ndi mbali imodzi ya kamwa mpaka kutsokomola. Ndinawapatsa madzi. Atapuma anati, "Chimene chinandiwawa si zaka, achimwene. Simunandilole kumaliza. Kunatsala ndime imodzi."

"Imalize."

"Pepala munapita nalo."

"Imalize choncho. Ndikumvetsera."

Anayang'ana kudenga n'kuyamba, liwu lililonse akulikoka ngati ulusi wokodwa. Anati agogo anasiya ana aamuna awiri. Anati bambo wawo atamwalira, wamng'onoyo anadwala chaka chathunthu osapita kusukulu, ndipo wamkuluyo ankabwera tsiku lililonse n'kumuphunzitsa kuwerenga pa katoni ya sopo, mpaka anadziwa. Anati amayi ankanena kuti mwana wawo wamkulu ndi wouma pakamwa koma anabadwa ndi mtima wa nkhuku yofungatira. Ndime yake inali imeneyo, yothokoza mkulu wawo pamaso pa anthu, ndipo ndi imene bambo anaidula.

Potchula chaka chimene anadwalacho, anaphonyanso. Ndinadziwa chifukwa ndinaona mlomo wa bambo ukutseguka wokha, chala chikudzuka pabondo monga chimachitira patebulo la pawindo. Chala chija chinakhala m'mwamba kanthawi, kenaka chinatsika n'kukagwira dzanja lofooka lija.

"Yatha?" anafunsa bambo.

"Yatha. Giredi yake?"

"Yapamwamba. Palibe chokonza."

Bambo aang'ono anapukusa mutu, misozi ikutsikira m'khutu. Kenaka maso awo anagwera pansi, pa mapazi a mkulu wawo, ndipo nkhope inasintha n'kukhala ya telala.

"Mapini? Zaka zonsezi mukuyenda ndi mapini ngati katani? Kazembe, tenga singano ndi ulusi wakuda m'kabati ya makina. Dzanja langa lakana, ndiye asoka okha, ine ndiziwauza."

Ndinawasiya choncho: a Gwero atapinda mwendo pampando, singano ili m'manja, akubaya mokhota, mng'ono wawo akuwakonza pa sitichi iliyonse, iwo n'kumangoti, "Chabwino, ndibwereza."