Tsiku limene tinamuseka Nyagondwe

Lolemba lapitali ndinachita chinthu chimene mpaka lero chikundichititsa manyazi.

Ndimagwira ntchito mu ofesi ina ya boma muno mu Mzuzu, yoona mapepala a anthu opuma pantchito. Tili pamsonkhano, bwana anafunsa, mwamwambo chabe, ngati pali wina ali ndi ganizo. Kenaka Nyagondwe, mayi amene amasesa ndi kutiphikira tiyi, anaika ketulo pansi.

"Pepani abwana," anatero, "madalawa akuvutika chomene. Bwanji tizilemba manambala awo a foni, mapepala akatuluka tiziwaimbira? Asamangobwera waka, n'kubwerera opanda kanthu."

Wina anafunsa ngati zimenezo zili m'kalata yochokera ku Lilongwe. Ine, wodzitama ndi digiri, ndinathira ndemanga: "Mayi, tiyi akuzizira." Anthu anafa nalo phwete, ine kumva kukoma.

Lachitatu kunabwera a Chirwa, mphunzitsi wopuma wa ku Nkhata Bay. Unali ulendo wawo wachinayi. Analowa miyendo yotupa, jekete litanyowa ndi mvula yamawawa. Fayilo yawo inali isanabwerebe, ndiye ndinawauza mawu athu aja: "Mudzayesenso Lachitatu likubwerali."

"Yewo, bwana," anatero, chipewa chili pamtima.

Anandithokoza! Bola akananditukwana.

Abale anga, timakonda kudandaula kuti ntchito za boma sizisintha. Zisintha bwanji? Timati mutu umodzi susenza denga, koma m'maofesi mwathu timayamba tafunsa kuti mutuwo ndi wa giredi yanji. Ganizo likabwera ndi mlendo ku semina ya kuhotela, timaomba m'manja. Likachokera kwa munthu amene amaima pakhomo tsiku ndi tsiku, amene amaona nkhalamba zikubwerera manjamanja, timaseka. Ndani amadziwa mavuto a pamzere kuposa iyeyo?

Lachinayi ndinamupeza Nyagondwe akukolopa pakhonde. Ndinapepesa, n'kumupempha kuti adzanenenso ganizo lija pamsonkhano wotsatira.

"Yayi abwana, ndaphunzira," anayankha osadzutsa mutu. "Ine zanga ndi tsache."

Sanakwiye. Wangotseka pakamwa basi, ndipo amene ndamutseka ndine.

Ndagula kope, ndayamba kulemba manambala, ndipo palibe kalata ya ku Lilongwe imene yandiletsa. Koma nambala ya a Chirwa ndilibe, fayilo yawonso sinafike. Lachitatu akweranso minibasi ndi miyendo yotupa ija. Ndidzawayang'ana ndi maso ati?