Madengu a Abdel-Sabur

Matako a Abdel-Sabur sanagwirizanepo ndi mpando. Ngakhale mu mzikiti, anzake ali phee kumvera ulaliki, iye amangotembenuka ngati wakhalira linthumbu. N'chifukwa chake ntchito yogawa makalata inamuyenera. Wakalambira momwemo, kukwera ndi kutsika nyumba zosanja za mumzinda wa Tanta, mpaka mawondo anayamba kulira ngati chitseko chakale.

Tsiku lina a Milad, bwana wake ku positi, anamuitana.

"Amalume Abdo, makalata akuchedwa. Ndikupatsani tebulo, muzidinda masitampa. Pokhapokha mutabwera ndi nzeru ina, poti akuluakulu akuti masiku ano aliyense aziganiza."

"Tebulo? Bwanji osangondigulira nsalu yoikira maliro, bwana?"

Nzeruyo anaitola pamsewu. Amayi okhala m'mwamba satsika kukagula tomato, amangotsitsa dengu pachingwe wogulitsa n'kuikamo. Abdel-Sabur anagula wezulo. Akaimba, madengu ankatsika m'makonde monse, iye n'kumaponyamo makalata osakwera sitepe n'imodzi yomwe. Dzuwa lisanafike pamutu, chikwama chili pululu.

A Milad anakondwa, koma anachenjeza: "Akangodandaula munthu mmodzi, tebulo lija likudikira."

Wodandaula sanachedwe. Anali Haja Nabawiya, mayi wamasiye wokhala pamwamba penipeni. Abdel-Sabur anakwera akutukwana sitepe iliyonse.

"Haja, ndinakulakwirani chiyani? Dengu muli nalo, chingwe muli nacho."

"Taona wanenepa, mwana wa Sayeda. Dengulo lindiwerengera kalata ya mwana wanga wa ku Kuwait? Lindiuza amene wathawa ukwati mumsewu muno? Nanga ndizinyoza ndani, chingwe?"

"Ndiye mukufuna andimangirire pampando mpaka imfa."

"Khala pansi, ukundizunguza mutu. Kwa ine uzibwera ndi miyendo yako, uzimwa tiyi mpaka athe. Ukavomera, mawa ndikauza kabwana kako kuti dandaulo lija ndinangolota."

Anayang'ana mpando, anayang'ana chitseko, anakumbuka tebulo. Anakhala.

Mpaka lero Abdel-Sabur akadali pamsewu ndi wezulo wake, ndipo anzake a m'madera ena ayamba kugula awo. Koma ikabwera kalata ya ku Kuwait amakwera ndithu, n'kukhala m'mphepete mwa mpando wa Haja, mwendo ukugwedezeka, kapu ili m'manja. Akati atsirize, Haja amathiramo wina, wotentha dala.